Mpando wa ku Havnor: chimene owerenga mabuku a Earthsea amakanganirana

Filimu ya makatuni ya ku Japan yotchedwa Tales from Earthsea, imene kampani ya Studio Ghibli idatulutsa mu 2006, imayamba ndi chinthu chimene anthu okonda mabuku a Earthsea sadachikhululukirebe. Mnyamata Arren, mwana wa mfumu, akubaya bambo ake m'nyumba yachifumu, akulanda lupanga lawo n'kuliyatsa liwiro. Amene sadawerengepo mabukuwo amangoti nkhani yayamba ndi moto. Amene adawawerenga adagwira pakamwa, pakuti Arren wa m'buku ndi mwana womvera, wotumidwa ndi bambo ake pa ulendo wa panyanja kukapereka uthenga, ndipo lupangalo ndi la makolo, sadalande. Ndi iyeyu amene adzakhale pa mpando wachifumu wa dziko lonse la Earthsea, umene wakhala wopanda munthu zaka 800.

Filimuyo adaikonza ndi Goro Miyazaki, mwana wa katswiri wotchuka wa mafilimu a makatuni Hayao Miyazaki, ndipo inali yake yoyamba. Mlembi wa mabukuwo, mayi Ursula K. Le Guin, ataionera, Goro adawafunsa ngati aikonda. Iwo adayankha mwaulemu kuti si buku lawo, ndi filimu yake, ndipo ndi filimu yabwino. Pambuyo pake adalemba zakukhosi: chidawakhumudwitsa n'chakuti filimuyo idaunjika kuipa konse pa munthu mmodzi, woti akangophedwa mavuto atha. M'mabuku mwawo zinthu siziyenda choncho.

Mkangano wa filimuyi ndi waung'ono poyerekeza ndi imene owerenga akhala nayo pa mabuku enieniwo. Ndikaiona yonse, imabwerera pa funso limodzi: mwininkhani ayenera kukhala ndani, ndipo mphamvu ndi za yani? Chodabwitsa n'chakuti mmodzi wa owerenga amene adatsutsana kwambiri ndi mabuku oyambawo anali mlembi wake yemwe. (Amene simudawerenge ndipo simufuna kudziwiratu mathero, dziwani kuti pano ndiulula zambiri.)

Mayi Le Guin anali a ku America. Adabadwira ku Berkeley mu 1929, adamwalira ku Portland mu 2018. Mabuku a Earthsea alipo 6. Loyamba, A Wizard of Earthsea, lidatuluka mu 1968, mwini kampani yaing'ono yosindikiza mabuku ya Parnassus Press atawapempha kuti alembere achinyamata. The Tombs of Atuan lidatsatira mu 1971, The Farthest Shore mu 1972. Kenaka zii, zaka 18. Tehanu lidabwera mu 1990, ndipo awiri omaliza, Tales from Earthsea ndi The Other Wind, adatuluka mu 2001. Mipata imeneyi musaiiwale. Mwana amene adawerenga buku lachitatu ali ndi zaka 13 adalandira lachinayi ali ndi zaka 31, mwina ali kale pabanja. Mlembiyo naye sanalinso yemwe uja.

Earthsea ndi dziko la zilumba mazanamazana, lopanda mtunda waukulu, ndipo mayi Le Guin adayamba ajambula kaye mapu ake asadalembe nkhani. Malonda, uthenga, nkhondo, ukapolo, zonse zimayenda pamadzi. Ngakhale ntchito ya wamatsenga wamba nthawi zambiri imakhala ya padoko, monga kuitana mphepo kuti ilowe m'matanga a ngalawa. Matsengawo amatsamira pa mayina: chinthu chilichonse chili ndi dzina lake lenileni m'chinenero chakale, ndipo wolidziwa amachilamulira. N'chifukwa chake munthu amabisa dzina lake, n'kumayendera lina. Ged, wamatsenga amene ndi mwininkhani wa buku loyamba, anthu amamudziwa kuti Sparrowhawk, pomwe dzina lenileni la Arren ndi Lebannen. Pakati pa zilumbazo pali Havnor, kumene kuli mpando wopanda mfumu uja.

Mkangano woyamba ndi wa maonekedwe a khungu, ndipo uwu sudali pakati pa owerenga okhaokha, koma pakati pa owerenga ndi ogulitsa. Ged ndi wa khungu lofiirira. Mnzake wapamtima, Vetch, ndi wakuda. Anthu ambiri a m'zilumbazo ndi otero. Azungu a m'nkhaniyi ndi a ku zilumba za Kargad, ndipo timayamba kuwaona m'mutu woyamba ngati achifwamba a tsitsi lachikasu odzatentha mudzi wa Ged. Mu 1968, m'mabuku a nthano zoterezi, zimenezi zinali kutembenuza zinthu chadodolido. Mayi Le Guin adavomereza okha kuti adachita mochenjera: sadalengeze za khungu pa tsamba loyamba, adazilowetsa pang'onopang'ono kuti wowerenga wachizungu ayambe wamukonda Ged asadazindikire kuti safanana naye.

Ochenjera ena anali osindikiza. Chikuto cha buku loyambirira, chojambulidwa ndi Ruth Robbins, chidamuonetsa Ged mmene alili, koma zikuto zambiri zotsatira zidamuyeretsa, poganiza kuti nkhope yakuda siigulitsa buku. Zotsatira zake, pali anthu ambiri amene adawerenga mabuku onse atatu oyamba osazindikira kanthu, ndipo pali ena, makamaka ana akuda a ku America, amene kwa iwo chiganizo chimodzi chonena za khungu la Ged chinali chachikulu kuposa zinjoka zonse za m'bukumo. Mayi Le Guin adanena kuti adamvapo kwa owerenga otere, owauza kuti Earthsea ndi nthano yokhayo ya mtunduwu imene ankamva kuti ali momwemo.

Ndiye mutha kumvetsa phokoso limene lidabuka mu Disembala 2004 pamene wailesi yakanema ya ku America ya Sci Fi Channel idaonetsa sewero lake la pa TV la Earthsea. Ged adaseweredwa ndi Shawn Ashmore, mzungu wa ku Canada. Mwa atengambali akuluakulu, wakuda anali Danny Glover, amene adasewera Ogion, mphunzitsi wa Ged. Adasokonezanso mayina, n'kupanga Sparrowhawk kukhala dzina lobisika, Ged kukhala loyendera, cholakwa chimene mwana aliyense wowerenga bukulo akadachigwira. Mayi Le Guin adalemba nkhani yaukali m'magazini ya Slate mwezi womwewo. Pa mkangano uwu ine sindiona mbali ziwiri zolingana. Amene ankati khungu lilibe ntchito m'nthano yopeka anali anthu amene sadasowepo nkhope yofanana ndi yawo m'buku.

Dandaulo lachiwiri ndi la owerenga atsopano, ndipo silifuna mawu ambiri. Wachinyamata wozolowera mabuku a masiku ano, amene mwininkhani amadzifotokozera yekha, mwadzaza chikondi ndi ndewu mutu uliwonse, amapeza kuti Earthsea ndi yozizira. Imafotokozedwa patali, ngati mbiri ya munthu wakale, ndipo zaka zingapo zimatha m'ndime imodzi. Ena amafika pa sukulu ya amatsenga ya pa chilumba cha Roke n'kunena kuti yaberedwa kwa Harry Potter, osadziwa kuti Harry Potter adabwera mu 1997, patapita zaka 29. Ndipo pamathero a buku loyamba palibe nkhondo: chithunzithunzi choopsa chimene Ged wakhala akuthamangitsana nacho panyanja amachigonjetsa pochitchula dzina, ndipo dzinalo ndi lake lomwe. Ena amatseka buku ali kakasi, ena amati adikirira pachabe.

Tsono nkhani ya ufumu. The Farthest Shore, limene lidapata mphoto ya National Book Award mu 1973, ndi ulendo wa anthu awiri m'kangalawa kotchedwa Lookfar: Ged, tsopano mkulu wa amatsenga onse, ndi Arren wa zaka 17, mwana wa kalonga wa chilumba cha Enlad. Matsenga akutha m'dziko. Oimba akuiwala nyimbo, amisiri akuiwala luso, anthu a m'tauni ya Hort angogona m'misewu ataledzera ndi mankhwala otchedwa hazia. Gwero lake ndi wamatsenga wina, Cob, amene watsegula khomo pakati pa amoyo ndi akufa pofuna kuti asadzafe.

Chimene owerenga amachikumbukira si kulongedwa ufumu kwa Arren, koma kugwa kwake. Ku Hort amagwidwa n'kumangidwa unyolo m'ngalawa ya akapolo. Kutsogolo kwake, Ged alasidwa ndi mkondo, ndipo mnyamata amene adalumbira kuti adzamutumikira mpaka imfa amangokhala m'ngalawamo, madzi akumwa akutha, osapalasa, osakweza thanga, osasamala n'komwe ngati mkuluyo afa kapena ayi. Mtima wafa. Amapulumutsidwa ndi anthu okhala pa mitengo yomangidwa pamodzi yoyandama pakati pa nyanja, amene amatsika pamtunda kamodzi pachaka. Akachira, Arren amayenera kuulula kwa Ged kuti adamutaya. Mfumu ya m'tsogolo ikuphunzira kuti nayo ingathe kuchita manyazi otere, ndipo ambiri amene adawerenga ndime imeneyi ali achinyamata amati idawalasa kuposa imfa ya aliyense m'bukumo. Pomaliza ndi Arren amene amanyamula Ged kumudutsitsa m'mapiri a dziko la akufa, ndipo potero amakwaniritsa ulosi wa Maharion, mfumu yomaliza, wakuti mpando udzakhala wa munthu amene wadutsa dziko la mdima ali wamoyo.

Apa ndi pamene owerenga ena amakwinya nkhope. Mlembi yemweyu, patangopita zaka ziwiri, mu 1974, adatulutsa The Dispossessed, buku la anthu okhala opanda boma, opanda mfumu, opanda mwini chuma. Zidatheka bwanji kuti munthu wa maganizo otere alembe nkhani imene mankhwala a dziko lodwala ndi mfumu ya magazi achifumu, yolozedwa ndi ulosi? Oikira kumbuyo bukuli amati muone mtundu wa mfumuyo. Ged amamuphunzitsa Arren kuti asachite chinthu chifukwa choti n'chotamandika, achite chokhacho chimene ayenera kuchita, maganizo ochokera ku Tao Te Ching, buku lakale la ku China limene mayi Le Guin adalikonda moyo wawo wonse mpaka adatulutsa lawo m'Chingerezi mu 1997. Yankho limeneli limandikhutitsa theka. N'zoona kuti Lebannen adalawa unyolo asadavale chisoti. Koma bukulo silifunsa n'komwe ngati asodzi ndi oweta mbuzi ankaifuna mfumuyo.

Funso limenelo lidadikira zaka 18, ndipo litabwera lidagawa owerenga pakati.

Tehanu limachitika masiku omwewo amene Lebannen akukonzekera kulongedwa ufumu, koma ife tili pa famu, pa chilumba cha Gont. Mwininkhani ndi Tenar, mtsikana uja wa m'buku lachiwiri amene adathawa ndi Ged ku manda a Atuan atanyamula mphete yobweretsa mtendere. Owerenga ankaganiza kuti adakakhala mwaulemu ku Havnor. Ayi ndithu. Adakwatiwa ndi mlimi, adabereka ana awiri, tsopano ndi mayi wamasiye. Akulera kamtsikana, Therru, kamene anthu ake omwe adakagwiririra, kukamenya n'kukaponya pamoto, mwakuti mbali imodzi ya nkhope ndi dzanja limodzi zidapsa. Ged amafika atanyamulidwa ndi chinjoka Kalessin, matsenga ake onse atathera potseka khomo lija. Ndi bambo wokalamba wamanyazi, wothawa nthumwi za mfumu zimene zabwera kudzamuitana ku mwambo, ndipo amakabisala kuphiri n'kumaweta mbuzi. Pamene anthu oipa abwera usiku kudzathyola nyumba ya Tenar, munthu amene kale ankalankhula ndi zinjoka amamenya nkhondo ndi chifoloko chonyamulira udzu.

Amene adakwiya adakwiya zenizeni. Adati mlembi wawalanda ngwazi yawo n'kuichititsa manyazi dala. Adati buku lolembedwera achinyamata lasanduka ulaliki wa ufulu wa amayi, kuti amuna ambiri m'menemo ndi ankhanza kapena ogontha, ndi kuti m'malo mwa nyanja tapatsidwa kutsuka mbale. Za mbalezo sakunama: mwana wamwamuna wa Tenar, Spark, amabwera kuchokera kunyanja, amatenga famu monga yake, amadya n'kusiya mbale pomwepo kuti mayi ake achotse, ndipo bukulo limaima pa kanthu kameneka nthawi yaitali. Ena, makamaka amayi, adati aka ndi koyamba Earthsea kunena zoona. Bukulo lidapata mphoto ya Nebula. Ndipo pali gulu lachitatu, lalikulu ndithu, la amene amati adadana nalo ali achinyamata, n'kudzalikonda ataliwerenganso atakula, atalera ana kapena atasamalira kholo lodwala.

Kuti mumvetse chimene mayi Le Guin ankachita, bwererani ku buku loyamba. M'menemo muli mwambi wa ku Gont wonena za kufooka ngati matsenga a mkazi ndi kuipa ngati matsenga a mkazi, ndipo wofotokoza nkhani sautsutsa. Ku sukulu ya ku Roke mkazi saloledwa. Mu 1992, polankhula ku Oxford, mlembiyo adavomereza kuti mabuku oyambawo adawalemba motsatira malamulo a nthano za ngwazi zachimuna, ngati mkazi wodziyesa mwamuna, ngakhale kuti mwina ndi mwina ankawaphwanya mosadziwa. Akadatha kungowasiya mabukuwo, kapena kuwakonza mwakachetechete. M'malo mwake adabwerera m'dziko lomwelo, osasintha lamulo lililonse, n'kungosuntha poimira. Chimene chinali ulemerero poonera pa nsanja ya ku Roke chidaoneka mwina poonera pakhomo pa khitchini.

Mfumu ija imaonekera m'bukuli, ndipo mmene imaonekera ndiye yankho la funso lija. Tenar, pothawa mmodzi wa amuna amene adazunza Therru, amathamangira padoko n'kukwera ngalawa imene akupeza, osadziwa kuti mfumu ili momwemo. Lebannen amamulandira mwaulemu, amamuthamangitsa munthuyo, amalankhula mokoma ndi mwanayo osatembenuza nkhope poona zipsera. Ndi mfumu yabwino, palibe chotsutsa. Koma m'ngalawa momwemo muli mkulu wina wa ku Roke amene akufunafuna tanthauzo la ulosi wonena za mkazi wa pa Gont, ndipo Tenar akamalankhula, mkuluyo samumva, chifukwa sadazolowere kuti mkazi angamuuze kanthu. Ngalawa imawatsitsa, imapita. Wamatsenga wa nyumba ya mbuye wa mudzi wa Re Albi pa Gont pomwepo, Aspen, amene amadana ndi Tenar, akadali pomwepo, ndipo pamene amugwira n'kumukokera kuphompho pamodzi ndi Ged, mfumu ili kutali ku Havnor. Chilungamo cha pampando chilipo, koma chimayenda ndi mphepo, ndipo chimafika mochedwa.

Pamenepa ndimaima ndi oikira kumbuyo Tehanu: silidawononge The Farthest Shore, lidalimaliza. Koma otsutsa ali ndi mfundo imodzi imene sindingaikane, ndipo ndi ya mathero. Buku lonse latiuza kuti moyo wa anthu wamba, opanda matsenga, uli ndi ulemu wake. Kenaka pa masamba omaliza, Therru amaitana chinjoka, chinjokacho chimatentha adani onse, ndipo zimadziwika kuti mwanayo ndi wa mtundu wa zinjoka. Nanga mwana wopsa amene si chinjoka amupulumutsa ndani? Owerenga ena okonda bukuli amavomereza kuti apa mlembi adathamanga, ndipo adathetsa vuto la opanda mphamvu powapatsa mphamvu yoposa ya onse.

Pachikuto cha Tehanu padalembedwa kuti ndi buku lomaliza la Earthsea. Silidakhale lomaliza. The Other Wind, limene lidapata World Fantasy Award mu 2002, limatipeza patapita zaka pafupifupi 15, Lebannen ali mfumu yokhwima, yolamulira ndi bwalo la aphungu, yosakwatira. Mfumu yatsopano ya ku Kargad imamutumizira mwana wake wamkazi, Seserakh, atafundidwa nsalu yofiira kuyambira kumutu mpaka kumapazi, ngati chikole cha mtendere. Lebannen amapsa mtima poona kuti amutchera msampha, ndipo kwa nthawi yaitali amamuchitira mtsikanayo mwano wa kusamulabadira, mpaka Tenar, amene naye ndi wa ku Kargad, amamudzudzula. Owerenga amene ankafuna kalonga wangwiro wa zaka 17 uja sadakondwe. Ena adati tsopano wakhala munthu. Ukwati wawo pamathero ena amauona wofulumira, ndipo kunena zoona chikondi cha achinyamata si chimene mayi Le Guin ankachilemba bwino koposa.

Chachikulu m'bukuli n'china. Dziko la akufa lija, louma, la nyenyezi zosasuntha, kumene mayi ndi mwana wake amadutsana osazindikirana, m'buku lachitatu tidauzidwa kuti ndi mmene imfa ilili, ndipo nzeru ndi kuivomereza. Tsopano tikumva kuti dzikolo adalipanga ndi amatsenga akale, amene adalanda mbali ya dziko la zinjoka n'kuimangira mpanda wa miyala pofuna kuti mizimu yawo isathe, ndipo akufa akhala akaidi m'menemo. Anthu a ku Kargad, achifwamba osaphunzira aja a m'mutu woyamba, ndiwo ankadziwa zoona, ndipo mbali ina ya choonadicho imatuluka pakamwa pa Seserakh, amene aliyense ankamuyesa katundu. Mpandawo umagwetsedwa. Kwa owerenga ena uku kunali kumasulidwa, chifukwa dziko louma lija lidawaopsa ali ana ndipo silidawachoke. Kwa ena kunali kubweza mawu: ngati imfa ya m'buku lachitatu inali cholakwa cha anthu, ndiye Ged adataya matsenga ake onse pokonza khomo la ndende?

Funso limenelo likadali lotseguka pakati pa okonda mabukuwa, ndipo lagawa anthu m'magulu awiri osavuta kuwazindikira: amene amati Earthsea ndi mabuku atatu, enawo ndi zowonjezera za munthu amene adasintha maganizo, ndi amene amati ndi mabuku 6 ndipo atatu omalizawo ndiwo amapereka tanthauzo kwa oyamba. Mu Okutobala 2018, miyezi ingapo mlembi atamwalira, onse adatuluka m'buku limodzi lalikulu, The Books of Earthsea, lokhala ndi zithunzi za Charles Vess, amene adagwira ntchito ndi mayi Le Guin zaka zingapo, kukonza ndi kukonzanso mpaka zinjoka ndi nkhope zitafanana ndi mmene iwo ankazionera. M'menemo Ged ndi wofiirira. Wachinyamata amene ayamba ndi buku limeneli amachoka pa tsamba lomaliza la The Farthest Shore n'kulowa mu Tehanu tsiku lomwelo, osadikira zaka 18, ndipo alibe nthawi yomumangira Ged kachisi m'mutu mwake asadamuone akuweta mbuzi. Ndikuganiza kuti n'chifukwa chake mkwiyo wa 1990 uja suwagwira kwambiri owerenga atsopano. Iwo amadandaula zina: kuti mitu yoyamba ikuchedwa, ndi kuti m'buku loyamba lonse mulibe mkazi woti n'kumutsatira.